Kodi munthu amene sanapondeko kunkhondo angatiuze zoona za msilikali?

Funso: Ndimaphunzitsa mbiri yakale pasukulu ina ya sekondale. Mnzanga wandibwereka buku la John Keegan lotchedwa The Face of Battle, akuti ndikaliwerenga ndimvetsa zimene msilikali amakumana nazo nkhondo ikafika pachimake. Koma ndamva kuti mkuluyu sanagwirepo mfuti ndi tsiku limodzi lomwe. Nanga angandiuze chiyani? Agogo anga aamuna anali a Keyala (King's African Rifles) ndipo anakafika ku Burma, koma anatisiya osatiuza zambiri. Kodi mabuku ngati amenewa angandithandize kudziwa zimene iwo anaona?

Yankho: Aphunzitsi, zimene mwamvazo n'zoona, ndipo Keegan mwiniwake sanabise. Mukatsegula bukulo, mawu ake oyamba akuvomereza kuti sanamenyepo nkhondo, sanaiyandikirepo, ngakhale kuimvera chapatali. Anabadwira ku London mu 1934, ndipo ali mnyamata anadwala TB ya m'mafupa imene inamusiya akutsimphina moyo wake wonse, choncho usilikali unamukana. Komabe kuyambira 1960 mpaka 1986 ndiye ankaphunzitsa mbiri ya nkhondo ku Sandhurst, sukulu yosulirako maofesala a asilikali a Britain, kumenenso ena mwa maofesala a kuno kwathu anadzerako. Tangoganizani: munthu wolumala mwendo ataima kutsogolo kwa anyamata amene mawa lake akawomberedwa, anzake a m'chipinda cha aphunzitsi ali ndi mamendulo a nkhondo yachiwiri ya dziko lonse pachifuwa. Buku limene mwabwerekalo linatuluka mu 1976, ndipo linabadwa chifukwa cha kusowa mtendere kumeneko. Ankafuna kudziwa chinthu chimene ankaphunzitsa koma sanachione.

Funso lanu laima pa ganizo lakuti amene analipo ndiye akudziwa. Pankhondo ganizo limeneli ndi lolumala. Amene analipo amadziwa mantha, ludzu ndi fungo, zimene ife sitingazidziwe, koma maso ake amaona pang'ono kwambiri. Pa nkhondo ya ku Waterloo, ku Belgium, kumene Napoleon wa ku France anagonja pa 18 June 1815, mfuti ndi mizinga zinkagwiritsa ntchito onga wakuda wotulutsa utsi wochindikala, moti msilikali ankangoona anzake a pambali pake ndi mithunzi ya akavalo kutsogolo. Sankadziwa kuti nthawi ili bwanji, sankadziwa ngati mbali yawo ikupambana. Wellington, amene anatsogolera asilikali a Britain tsikulo, anachenjeza munthu wina wofuna kulemba mbiri ya nkhondoyo kuti kutero kuli ngati kulemba mbiri ya phwando la dansi: aliyense amakumbukira tinthu take, koma palibe angakuuzeni kuti chinayamba n'chiti, chinatsatira n'chiti. Ngati mkulu wankhondo wokwera pakavalo akunena choncho, kuli bwanji msilikali wamba wogona chafufumimba m'matope? Ndiye ntchito ya wolemba mbiri si kukhala mboni. Ntchito yake ndi kusonkhanitsa mboni zambirimbiri zosagwirizana, n'kuzipanikiza ndi mafunso mpaka chimene chikanatheka chisiyane ndi chimene sichikanatheka.

Keegan asanabwere, mabuku ambiri a nkhondo ankalembedwa ngati wolembayo wakhala pamwamba pa phiri pamodzi ndi akazembe. Mumawerenga kuti gulu la kumanzere linalowa, linakankha adani, adaniwo anabalalika. Anthu masauzande amayenda papepala ngati munthu mmodzi wa mtima umodzi. Keegan anatsika paphiripo n'kuyamba kufunsa mafunso amene akatswiri ankawaona ngati achibwana. Munthuyu wadya chiyani m'mawa uno? Wagona? Wasenza zolemera bwanji? Akafuna kutaya madzi ali pamzere amatani? Akabayidwa amamunyamula ndani, ndipo amatha maola angati ali gone? N'chifukwa chiyani sakuthawa, pamene thupi lake lonse likumuuza kuti athawe? Paja amati mlendo ndiye amabwera ndi kalumo kakuthwa. Msilikali wakale sakanafunsa zoterezi chifukwa kwa iye n'zodziwikiratu.

Onani mmene anachitira ndi nkhondo ya Agincourt, imene inamenyedwa kumpoto kwa France pa 25 October 1415. Olemba a nthawi imeneyo anati mitembo ya Afalansa inaunjikana mpaka kuposa msinkhu wa munthu, Angerezi n'kumakwera pamwamba pake kuti azimenya bwino. Kwa zaka mazana anthu ankangokopera zimenezi. Keegan anati dikirani kaye: matupi a anthu ovala zitsulo angaunjikane choncho osagumuka? Ndipo munthu angaime pamwamba pake n'kumagwetsa lupanga? Iye anayang'ana malowo: munda wolimidwa kumene, mvula itagwa, nkhalango uku ndi uku, mpata ukucheperachepera. Afalansa anayenda wapansi m'matopemo atavala zitsulo zolemera, mivi ikuwagwera kuchokera m'mbali, a kumbuyo akukankha a kutsogolo ngati khamu lopanikizana pageti la sitediyamu. Wakutsogolo sakanatha n'kutukula mkono komwe. Akagwa, womutsatira ankapunthwa pa iye. Mukawerenga choncho mumamvetsa mmene gulu lochepa, lotopa ndi lodwala kamwazi linagonjetsera gulu lalikulu, popanda kufunikira nthano ya milu ya mitembo. Chimodzimodzi ndi akavalo: zithunzi zimaonetsa akavalo akuwomba mzere wa asilikali, koma kavalo ndi nyama ya nzeru zake, sangadzibaye dala pa zikhomo zosongoka kapena pa mipeni ya kunsonga kwa mfuti. Amapatuka. N'chifukwa chake ku Waterloo asilikali oyenda pansi akaima mothithikana mbali zinayi, akavalo a Napoleon ankangowazungulira. Chimene chinkawagwira anyamatawo kuti asabalalike chinali chosakanikira: kuopa manyazi pamaso pa anzawo, ofesala woima chilili osabisala, kachasu wa kwawoko amene ena anali atamwa, komanso kudziwa kuti wothawa yekha ndiye amaphedwa msanga.

Gawo limene ndikufuna muliwerenge mofatsa ndi la Somme, ku France, m'nkhondo yoyamba ya dziko lonse, chifukwa ndilo likuyandikira nkhondo za masiku ano. Kwa sabata yathunthu mizinga ya Britain inakhuthula mabomba pafupifupi 1.5 miliyoni pa ngalande za Ajeremani. Asilikali anauzidwa kuti kutsidyako sikukhala wamoyo, adzangoyenda n'kukalanda malo. Pa 1 July 1916, nthawi ya 7:30 m'mawa, malikhweru analira, anyamata anatuluka m'ngalande, ambiri atasenza katundu wokwana makilogalamu ngati 30. Dzuwa lisanalowe, asilikali 57,470 a mbali ya Britain anali atafa, kuvulala, kusowa kapena kugwidwa. Akufa okha anali 19,240. Keegan sanangolira maliro, anafufuza chimene chinalakwika. Mabomba ambiri anali a mtundu wophulikira m'mwamba n'kumwaza tizitsulo, wabwino kupha munthu woima pamtetete koma wosatha kudula bwino waya waminga kapena kugumula mapanga. Ena ambiri sanaphulike n'komwe. Ajeremani anali atakumba mapanga akuya m'nthaka ya choko, anakhala m'menemo sabata yonse, ndipo mizinga itangoleka anathamangira kumtunda ndi mfuti zawo za chiwaya. Nkhondo yonse inasanduka mpikisano wa mphindi zochepa: afike msanga pamlomo pa ngalande ndani, wotuluka kuphanga kapena wodutsa pabwalo atasenza katundu? Ndipo anyamatawo atangotuluka, akuluakulu awo kumbuyo anakhala ngati akhungu, chifukwa mawaya a telefoni ankathera pangalande yoyamba ndipo othamanga ndi uthenga ankaphedwa panjira. Magulu ambiri anali a anthu a tauni imodzi, ogwira ntchito fakitale imodzi, amene analembetsa limodzi atalonjezedwa kuti sadzawalekanitsa. Sanawalekanitsedi. M'matauni ngati Accrington misewu yathunthu inalandira uthenga wa imfa sabata imodzi.

Apa Keegan anatsamira kwambiri pa ntchito ya Martin Middlebrook, amene naye sanali pulofesa koma mlimi wa nkhuku. Iye anafunafuna mazana a opulumuka tsiku limenelo akadali moyo, n'kutulutsa buku lake mu 1971.

Tsono popeza ndinu mphunzitsi, chofunika kwambiri kuti muwauze ana anu ndi chakuti mawu a msilikali nawo si uthenga wochokera kumwamba. Mtundu uliwonse wa umboni uli ndi bodza lake. Kalata yopita kumudzi inkawerengedwa kaye ndi ofesala, komanso mnyamata salembera mayi ake kuti mnzake waduka pakati. Asilikali a Britain ankapatsidwanso kakhadi kosindikizidwa kale, kokhala ndi mizere monga yakuti ndili bwino, ndagonekedwa m'chipatala, ndavulala, kalata yanu ndalandira. Msilikali ankangokhwatcha mizere yosamukhudza n'kusaina, ndipo akawonjezera liwu limodzi lake kakhadiko kankang'ambidwa. Ndiye mukapeza makhadi chikwi onena kuti ndili bwino, mwapeza chiyani? Buku la tsiku ndi tsiku la bataliyoni (gulu la asilikali mazana angapo) linkalembedwa ndi ofesala wotopa amene sankafuna kuchititsa manyazi gulu lake. Zokumbukira za nkhalamba, patapita zaka 50, zimakhala zitasakanikirana ndi zimene inamva kwa anzake ndi zimene inaonera pakanema. Palinso umboni wina woopsa: m'nkhondo yachiwiri Angerezi ankatchera makutu mwachinsinsi m'zipinda za akaidi a Germany n'kumalemba zonse zimene ankacheza. Sönke Neitzel atapeza mapepala amenewa, iye ndi Harald Welzer anatulutsa buku mu 2011, ndipo muli anyamata akusimba za kupha anthu wamba moseka. Koma ngakhale pamenepo muyenera kufunsa kuti zoona n'ziti, kudzitama pamaso pa anzawo n'kuti.

Chitsanzo chimene chimathetsa mkangano wanu ndi cha S.L.A. Marshall wa ku America. Ameneyu anavala yunifolomu, anayenda ndi asilikali m'nkhondo yachiwiri, ankawasonkhanitsa nkhondo ikangotha n'kumawafunsa. Mu 1947 analemba kuti mwa asilikali anayi aliwonse, osaposa mmodzi ndi amene ankawombadi mfuti akakumana ndi mdani. Chiwerengero chimenechi chinayenda dziko lonse, chinakhudza kaphunzitsidwe ka asilikali, ndipo Keegan naye anachilandira. Mu 1988 wolemba mbiri wina, Roger Spiller, anafufuza n'kupeza kuti palibe umboni woti Marshall anawerengetsadi zimenezi mwadongosolo. Munthu amene analipo ndiye anasocheretsa anthu zaka 40, ndipo womugwira anali wofukula mapepala.

Sindikuti Keegan ndi wopanda banga. Kumapeto kwa buku lomwelo anaganiza kuti zida zafika poopsa moti nkhondo ya magulu awiri okumana pabwalo mwina yadzithetsa yokha. Patangopita zaka zinayi Iran ndi Iraq anayamba kuphana m'ngalande kwa zaka zisanu ndi zitatu, ndipo lero ku Ukraine anyamata akugonanso m'maenje a matope, kusiyana kwake n'kwakuti pamwamba pawo pakuuluka madroni. Buku lake la 1993, A History of Warfare, linadzudzulidwa ndi akatswiri ambiri kuti linamumva molakwika Clausewitz, katswiri wakale wa ku Germany wolemba za nkhondo. Kwa ine mabuku ake a pambuyo pake, ngakhale amakoma kuwerenga, safika pa loyambali. Ndipo chilema chachikulu pa funso lanu n'chakuti nkhondo zitatu zonse za m'bukulo zinamenyedwa pakadera kamodzi ka kumpoto kwa France ndi Belgium, ndipo zikuonedwa ndi maso a Angerezi. Agogo anu mulibe.

Kusowa kwawoko sikunayambe ndi Keegan. Njira yake imafuna makalata, mabuku a tsiku ndi tsiku ndi zokumbukira zolembedwa, pamene asilikali ambiri a Keyala sanasiye zoterozo. Amene ankalemba anali maofesala achizungu. M'mabuku a mabataliyoni, ofesala akafa amalembedwa dzina, koma asilikali akuda kawirikawiri amangowerengedwa ngati nambala: atatu afa, asanu ndi awiri avulala. M'nkhondo yoyamba, ija makolo ankaitcha ya Chiwaya, Nyasaland inapereka asilikali pafupifupi 19,000 ndi amtengatenga pafupifupi 200,000, ambiri ochita kugwidwa mokakamiza, osenza ufa ndi zipolopolo pamutu kuchokera kunyanja kulowera ku German East Africa, dera limene mbali yake yaikulu lero ndi Tanzania. Ochuluka anafa ndi njala, kamwazi ndi chibayo osaonako mdani. John Chilembwe anali atadandaula kale m'kalata yake ya mu November 1914 kuti anthu osauka akufera nkhondo yosawakhudza. Mu 2021 bungwe losamala manda a asilikali a Commonwealth linavomereza lokha kuti anthu osachepera 116,000, mwinanso kufika 350,000, makamaka a ku Africa ndi ku Middle East, sanakumbukiridwe ndi mayina awo kapena sanakumbukiridwe n'komwe. Munthu amene dzina lake silinalembedwe pamanda, mukuganiza kuti mantha ake analembedwa pati?

Mwamwayi alipo amene anachita kuno zimene Middlebrook anachita ku England. Melvin Page, wa ku America, m'zaka za m'ma 1970 anayenda m'midzi ya m'Malawi pamodzi ndi ophunzira a ku yunivesite, kufunsa nkhalamba zimene zinali asilikali ndi amtengatenga, ndipo buku lake The Chiwaya War linatuluka mu 2000. Pa nkhondo ya agogo anu, funani buku la David Killingray, Fighting for Britain, la mu 2010, limene mwa zina linagwiritsa ntchito makalata amene asilikali akale a mu Africa analembera wailesi ya BBC. La Timothy Parsons, The African Rank-and-File, la mu 1999, limafotokoza moyo wa m'kati mwa Keyala: kulembedwa ntchito, malipiro, chilango, mabanja. M'menemo mudzapeza zimene mabuku a akazembe amazilambalala, monga zakuti chikoti, chimene chinathetsedwa kalekale kwa asilikali achizungu, chinkagwirabe ntchito pa asilikali akuda m'zaka za nkhondo yachiwiri. Ndalama yothokoza nkhondo itatha nayo inali ya tsankho: msilikali wamba wachizungu ankawerengeredwa mashereni 10 pa mwezi uliwonse umene anatumikira, wakuda mashereni atatu ndi theka.

Za ku Burma zimene tinganene motsimikiza ndi izi. Mabataliyoni a ku Nyasaland, pamodzi ndi a ku Kenya, Uganda, Tanganyika ndi Northern Rhodesia, anali m'gulu lalikulu lotchedwa 11th East African Division, limene linali mbali ya gulu lankhondo lotsogozedwa ndi kazembe wa Britain William Slim. Kuyambira August 1944 anatumizidwa kutsika chigwa cha Kabaw kuthamangitsa Ajapani amene anali atagonja ku Imphal ndi Kohima, ku India, ndipo anachita zimenezi m'kati mwa mvula ya monsoon, nyengo imene magulu ankhondo nthawi zambiri ankaima. Chigwacho chinali chotchuka ndi malungo ndi matenda ofalitsidwa ndi tizilombo ta m'tchire. Misewu inasanduka phala, milatho inkakokoloka, chakudya chambiri chinkaponyedwa kuchokera m'ndege. Panjira ankapeza mitembo ya Ajapani ofa ndi njala ndi matenda, ndipo amoyo ankabisala m'maenje ofoleredwa ndi mitengo pamwamba pa zitunda, osaoneka mpaka utafika pafupi. Anafika pamtsinje wa Chindwin, ku Kalewa, kumayambiriro kwa December. Ngati agogo anu anali m'gulu limeneli, miyezi inayi imeneyo zovala zawo sizinaume. Koma si onse a ku Burma anadzera ku Kabaw, ena anali m'magulu ena, ena anali madalaivala kapena onyamula ovulala, choncho musawaveke nkhani imene si yawo.

Kukhala chete kwawo kusakudabwitseni. Opulumuka ku Somme ambiri anafanso osauza ana awo. Ena ankaona kuti wosapitako sangamve, ena ankateteza a pakhomo, ena anali ndi zimene anachita zosati n'kuzitchula, ndipo ena mutu unali utavulala mkati ngakhale thupi linali lamphumphu. Madokotala a ku Britain anayamba kulemba za vuto limeneli mu 1915, koma msilikali wobwerera kumudzi mu 1946 sankapimidwa zoterozo. Achibale ankangoti abwerako ndi ukali, kapena amalota zoopsa, kapena akonda mowa.

Ndiye bukulo liwerengeni, koma mutengemo mafunso ake, osayembekezera kupezamo agogo anu. Yambani ndi zimene zili m'sutikesi ya kumudzi: kabuku kotulukira usilikali, chithunzi, mendulo ya Burma Star ngati ilipo, pepala lililonse lokhala ndi nambala yawo ya usilikali. Chofunika koposa ndi nambala ya bataliyoni, chifukwa mabuku a tsiku ndi tsiku a mabataliyoni a Keyala akusungidwa ku National Archives ku Kew, ku London, ndipo ndi nambalayo mungathe kudziwa kumene gulu lawo linali sabata ndi sabata ngakhale dzina lawo lisatchulidwe. Ku National Archives ku Zomba mungapeze makalata a ma DC okhudza kulemba asilikali ndi kubwerera kwawo. Kenako pitani kwa azakhali, amalume ndi aliyense wachikulire amene anakhala nawo, ndipo musawafunse kuti agogo ankati chiyani za nkhondo, chifukwa adzakuyankhani kuti sankanena kanthu. Afunseni chakudya chimene ankachikana, nyimbo imene ankaimba akalawa, mawu achiswahili kapena achihindi amene ankatukwanira, mnzawo amene ankabwera kudzacheza n'kumakhala naye kuseri kwa nyumba, zimene ankachita mvula ya mabingu ikamagwa usiku, ndi chimene anagula ndi ndalama zimene anabwera nazo. Lembani yankho lililonse pamodzi ndi dzina la wokuuzani ndi chaka chimene iye anabadwa, kuti mudziwe ngati anaona yekha kapena anachita kumva, ndipo achibale awiri akasemphana musasankhe msanga wokhoza, sungani zonse ziwiri mpaka mutaziyerekeza ndi buku la bataliyoni.